Kafupa ka tsiku la Kiyama ndi chiuno cha mwana wathu

Masabata angapo apitawo, titatuluka mu swala ya Asr kuno ku Sadzi, mnyamata wina wa Fomu 3 anatiyandikira ali ndi foni m'manja. "Sheikh, taonani, azungu avomereza okha," anatero nkhope ili yowala. Uthenga umene anationetsa wakhala ukuzungulira pa WhatsApp kwa zaka zambiri. Ukuti katswiri wina wa ku Germany anatenga kafupa ka kumapeto kwa msana wa munthu, n'kukasinja, kukawiritsa ndi kukaotcha, koma sikanawonongeke, choncho sayansi yachitira umboni mawu a Mtumiki wathu (Swallallahu alaihi wasallam). Tinamupempha kuti asautumize kwa wina aliyense, ndipo anadabwa.

Hadith yake ndi yoona, sitikuikayikira. Abu Huraira (Radhiyallahu anhu) anaisimba, ndipo ili m'mabuku a Bukhari ndi Muslim. Mtumiki anaphunzitsa kuti m'thupi mwa munthu muli kachigawo kamodzi kamene nthaka siidya, kotchedwa ajbu dhanab m'Chiarabu, ndipo pa kachigawo kameneko ndi pamene Allah adzayambire kumuumbanso munthu pa tsiku la Kiyama. Bodza lili pa nkhani ya Mjeremaniyo. Hans Spemann analikodi, ndipo analandira mphoto ya Nobel mu 1935, koma kafukufuku wake, amene anachita ndi wophunzira wake Hilde Mangold n'kumusindikiza mu 1924, anali wa mazira a tinyama ta m'madzi ta mtundu wa achule. Sanali wa mafupa a anthu. Maulama akale, monga mmene Ibn Hajar akufotokozera mu Fath al-Bari, ankaona nkhaniyi ngati chinsinsi cha Allah, pakuti Iye amene analenga popanda kanthu sasowa mbewu yoyambira. Tikamangira imani ya mwana pa nthano yotere, tsiku limene mphunzitsi wake wa Biology adzaigumule, mwanayo adzayesa kuti Hadith nayo yagumuka.

Ngati tikufuna munthu wonyadira pa nkhani ya mafupa, tili naye wathuwathu. Abd al-Latif al-Baghdadi, amene anabadwa ku Baghdad mu 1162 ndi kumwalira mu 1231, anali ku Egypt pamene mtsinje wa Nile unalephera kusefukira ndipo njala yoopsa inagwa kuyambira m'chaka cha 1200. Anthu anafa ochuluka kotero kuti pafupi ndi Cairo panaunjikana mulu wa mafupa. Pa nthawiyo asing'anga onse ankalumbirira Galen, Mgiriki amene Aluya ankamutcha Jalinus, ngakhale iyeyo anaphunzira za thupi potumbula anyani ndi nyama zina. Galen analemba kuti chibwano cha m'munsi ndi mafupa awiri. Al-Baghdadi anayang'ana zigaza zoposa 2,000 napeza kuti ndi fupa limodzi. Galen anati fupa lalikulu la kumunsi kwa msana ndi mafupa angapo. Al-Baghdadi anapeza kuti mwa akuluakulu ndi limodzi. Analemba mwaulemu, koma mosabisa, kuti chimene maso aona chili ndi mphamvu kuposa mawu a Galen.

Pa fupa lachiwirili onse awiri anali ndi gawo la choonadi, ndipo apa ndi pamene tikufuna makolo atchere khutu. Msana wa mwana wakhanda uli ndi timafupa pafupifupi 33: 7 ta m'khosi, 12 ta kumbuyo kwa chifuwa, 5 ta pamwamba pa chiuno, 5 ta pakati pa chiuno, ndi 4 ta kumapeto, tija tikukamba m'Hadith. Timafupa 5 ta pakati pa chiuno timalumikizana pang'onopang'ono mpaka kusanduka fupa limodzi lotambalala kumwamba ndi losongoka kumunsi, limene madokotala amalitcha sacrum. Kulumikizanaku kumayamba munthu ali ndi zaka 16 kapena 18, ndipo kawirikawiri sikutha mpaka atafika cha m'ma 25. Fupali lakhomerezedwa pakati pa mafupa awiri a m'mbali mwa chiuno ngati mphero, ndipo kulemera konse kwa mutu, chifuwa ndi mimba, pamodzi ndi ndowa ya madzi kapena dengu la usipa limene lili pamutupo, kumadutsa pa ilo kupita ku miyendo. Lili ndi timabowo 4 mbali iliyonse, modutsa mitsempha yopita ku miyendo, ku chikhodzodzo ndi ku njira ya chimbudzi.

Kwa munthu wamkazi fupali ndi lalifupi ndi lotambalala, chifukwa ndilo khoma la kumbuyo la khomo limene aliyense wa ife anadutsira pobadwa. Kuchokera pa mlomo wake wa pamwamba kufika pa fupa la pachinena, mwa mayi wokhwima pamakhala masentimita pafupifupi 11. Mutu wa mwana wofika masiku ake, ataweramitsa bwino, umafuna masentimita 9.5. Mpata wotsalawo sukwana ngakhale kutambalala kwa chala chachikulu. Tsono chiuno cha mtsikana sichimaliza kukula tsiku limene wagwa pansi. Amatha kutalika kufanana ndi mayi ake, anamkungwi n'kumulangiza, anthu n'kumati wakula, pamene khomo la m'katilo likadali kutambasuka kwa zaka zina zingapo. Mwana amene anakula mosowa chakudya chokwanira ndiye amachedwa kwambiri.

Mutu wa khanda ukakanirira pa khomo lopapatiza kwa tsiku lathunthu kapena masiku awiri, minofu ya mayi imapanikizika pakati pa mutu ndi fupa, magazi n'kusiya kufikako. Minofuyo imafa, n'kusiya bowo. Kupanikizika kukachitikira kutsogolo, mkodzo umayamba kudontha usiku ndi usana. Kukachitikira kumbuyo, pa sacrum, chimbudzi chimasochera njira. Mitsempha ija ikaphwanyika, mtsikana amayenda mokoka phazi. Nthawi zambiri khandalo limakhala litapitirira kale. Amenewa ndi matenda a fistula. Zoona, amagwiranso amayi akuluakulu amene achedwa kufika kuchipatala, ndipo kwa anthu a ku Makanjira kapena m'midzi ya m'mbali mwa nyanja ya Chilwa, mtunda ndi mayendedwe ndi adani enieni. Koma mtunda sitinaupange ndife. Nikah ya mwana wa zaka 14 timamanga ndife, titavala mikanjo yathu yoyera.

Tikudziwa yankho limene ena atipatse, pakuti talimva pa mabwalo ambiri: Sharia imati munthu akatha msinkhu wakula, ndipo kuli bwino kumukwatitsa kusiyana n'kuti abweretse mimba ya pathengo. Mantha amenewo sitikuwapeputsa, ndiponso umphawi umene umachititsa bambo kuwerengera mahari sitikuuseka. Koma tiwerenge bwino. Mu Surat an-Nisa, ndime 6, Qur'an yolemekezeka ikukamba za chuma cha ana amasiye, ndipo siilola kuwapatsa chumacho pa chifukwa cha msinkhu wokha. Ikufunanso kuti aoneke kukhwima nzeru. Ngati mbuzi ndi ngalawa za mwana wamasiye zikutetezedwa chotere, nanga thupi lake? Maulama a fiqh, ngakhale aja amene analola kumanga ukwati msanga, ananena kuti mkazi asaperekedwe kwa mwamuna pamene thupi lake silingathe kupirira. Ndipo mwa maziko akuluakulu a Sharia muli lamulo loti chopweteka chichotsedwe. Wali ndi msungi wa ubwino wa mwana, ndipo adzafunsidwa za usungiwo. Makolo athu sanaone m'kati mwa chiuno. Ife azamba atiuza, zithunzi za kuchipatala tazionera. Kukana zimenezo n'kumati tikutsata akale ndi kuchita zimene al-Baghdadi anakana kuchita.

Dziko nalo linalankhula. Lamulo la maukwati la 2015 linaika zaka 18, ndipo mu 2017 Nyumba ya Malamulo inasintha malamulo oyendetsera dziko kuti chilolezo cha makolo chisakhalenso khomo lozembera. Komabe kafukufuku wa boma wa 2015 mpaka 2016 anapeza kuti mwa amayi 100 a zaka 20 mpaka 24, okwana 42 anakwatiwa asanafike zaka 18. Si onse Asilamu, koma tisanamizane kuti maboma athu a kunyanja ali kunja kwa chiwerengerocho. Pempho lathu kwa masheikh anzathu ndi laling'ono: musanatsegule khutba ya nikah, funsani chiphaso cha unzika kapena buku la kuchipatala la mkwatibwi, muone chaka ndi maso anu. Achibale adzang'ung'udza, mpunga udzazizira m'miphika, mwina sadzakuitananinso pa sadaka. Zimenezo n'zopiririka.

Kwa mlongo wathu amene vutoli linamugwera kale, amene anasiya kubwera ku mzikiti poopa fungo ndi maso a anthu, tikuti swala yanu siinathe. Munthu amene akudontha mosalekeza chifukwa cha matenda, Sharia imamuwerengera kuti ali ndi chifukwa chomveka: adzisambitse, adzimange nsalu yoyera, achite wudhu nthawi ya swala iliyonse ikakwana, aswali, ngakhale kudonthako kupitirire. Ndipo bowolo nthawi zambiri limasokedwa n'kupola. Ku Bwaila mu Lilongwe kuli malo othandizira amayi a fistula, ndipo chipatala cha boma lanu chingakulozereni njira. Amuna awo a amayi otere, udindo wopeza ndalama ya basi ndi wanu, ndipo komiti ya mzikiti isaone zachilendo kutapa m'thumba la zakaat pa ulendo umenewo.