Tikudya Chimanga cha Mbewu

Mlimi wa kuno ku Dowa, ngakhale njala ivute chotani, sakazinga chimanga cha mbewu. Amachipachika pamwamba pa moto kuti utsi uchiteteze ku anankafumbwe. Koma pa nkhani ya luso, Amalawi ndife alimi odya mbewu, ndipo umboni wake ndi mmene tamuiwalira Gertrude Webster Kamkwatira.

Mayiyu anali katswiri wa zisudzo m'gulu la Wakhumbata Ensemble Theatre, lomwe Du Chisiza Jnr anayambitsa mu 1987. Du atamwalira mu 1999, Kamkwatira ndiye anasenza gululo, ndipo pambuyo pake anayambitsa lakelake lotchedwa Wanna-Do. Ankalemba masewero, kuwatsogolera, n'kukweranso yekha pasiteji. Sewero lake la It's My Fault linadzudzula nkhanza za m'banja, pamene Breaking the News linakamba za Edzi m'masiku amene ambirife tinkangonong'ona kuti "matenda a boma". Anakhalapo mtsogoleri wa National Theatre Association of Malawi komanso wapampando wa bungwe la COSOMA. Anatisiya mu 2006 ali ndi zaka pafupifupi 40.

Tsono taimani pamsika wa Chezi mufunse achinyamata otuluka m'nyumba zoonetsa mavidiyo. Akutchulirani mayina a akatswiri a ku Nigeria mpaka zala kutha, koma mukati Kamkwatira angokuyang'anani kukamwa. Mlandu si wawo. Kodi buku la masewero ake analiona pasukulu iti? Nanga wailesi ndi kanema zimamukumbukira kangati pachaka?

Ku America kunali mayi wina, Theda Bara, amene anayambira pasiteji n'kudzatchuka m'mafilimu akale opanda mawu. Anasewera m'mafilimu oposa 40, koma ambiri anapsa mu 1937 pamene nyumba yosungiramo mafilimu a kampani ya Fox inagwira moto. Filimu yake ya Cleopatra ya 1917 kunangotsala tizidutswa. Azungu angathe kuloza chala motowo. Nanga ife tiloza chiyani? Chathu si chimoto, koma mphwayi.

Ena amati sewero n'la tsiku lomwelo, anthu akawomba m'manja ndiye kuti latha. Bodza limenelo. Shakespeare anamwalira mu 1616, koma anzake awiri anasonkhanitsa masewero ake n'kuwasindikiza mu 1623, n'chifukwa chake ana athu akhala akutuluka nawo thukuta pamayeso a Fomu 4. Enanso amati dziko losauka liyambe lagula mankhwala ndi feteleza. N'zoona, koma ife ogwira ntchito m'boma tikudziwa kuti ndalama za msonkhano umodzi wa kunyanja zingathe kusindikiza buku lathunthu. Timasunga mafayilo a maalawansi zaka zambirimbiri, koma zolemba za katswiri tikuti tilibe malo.

Gwero lina la vutoli n'lochititsa manyazi kulitchula. M'midzi mwathu muno mtsikana akati akufuna kuchita zisudzo, makolo amagwira njakata, ati adzakhala woyendayenda. Pasiteji timamuwombera m'manja, koma kuseri timamujeda. Munthu amene sitinamulemekeze ali moyo, zolemba zake tingazisunge bwanji? Pamene Joyce Mhango Chavula analandira mphoto ya Africa Magic mu 2016 chifukwa cha filimu yake ya Lilongwe, tonse tinanyadira, osakumbukira amayi amene analambula njirayo.

Alembi anzanga, ntchitoyi ndi yathu. Ambiri amene anasewera ndi Kamkwatira adakali moyo, ndipo mwina ena akusunga mapepala ndi matepi m'masutikesi. Bungwe lathu la alembi, COSOMA ndi nyumba yosungira mbiri ya dziko ku Zomba agwirizane ndi banja lake, asonkhanitse masewerowo, awasindikize, ena awamasulire m'Chichewa kuti asewereke ngakhale pabwalo la sukulu ku Chezi ndi ku Ntchisi. Chiswe sichidikira bajeti. Tikazengereza zaka zina khumi, tidzapeza gaga yekhayekha.