Mayi Kuseri kwa Kamera

Amayi anzanga, tikamaonera kanema timatama okhawo amene nkhope zawo tikuziona, osafunsa n'komwe za munthu amene anagwira kamera. Chonsecho iyeyo ndiye amasankha poimika kamerayo, kuchuluka kwa kuŵala ndi mthunzi, ndi nthaŵi yoyandikira nkhope ya munthu wachisoni. Sabata ino tiyeni tikambe za mayi wina wa ku America wogwira ntchito imeneyi, Mayi Rachel Morrison.

Mayiŵa anabadwa m'chaka cha 1978. Anaphunzira kujambula ku New York University, kenaka ku American Film Institute. Komatu maphunzirowo sanaŵapatse ulemu tsiku lomwelo. Anayamba ndi ntchito zazing'ono, ndipo kwa zaka ziŵiri anajambula pulogalamu ya pa wailesi yakanema yotchedwa The Hills. Sanaipeputse ntchitoyo, pakuti kuona maso a nkhono n'kudekha.

Kanema wotchedwa Fruitvale Station, amene anatuluka m'chaka cha 2013, ndiwo anamujambula. Kanemayu anapangidwa ndi ndalama zochepa, kunja kwa makampani akuluakulu, ndipo akusimba za Oscar Grant, mnyamata wakuda amene anawomberedwa ndi wapolisi ku Oakland m'chaka cha 2009. Anapata mphotho yaikulu pa chionetsero cha Sundance. Mtsogoleri wake, Ryan Coogler, sanaiŵale luso la mayiŵa, ndipo anaŵaitananso kudzajambula Black Panther, kanema wamkulu wa 2018.

M'chaka chomwecho, chifukwa cha kanema wa Mudbound, wosimba za mabanja aŵiri a alimi ku Mississippi, dzina lawo linaloŵa m'gulu la opikisana pa mphotho ya Oscar ya wojambula wopambana. Unali mwambo wa nambala 90 wa mphothozo, ndipo m'gululo munali musanaloŵepo mkazi. Mphothoyo anatenga Roger Deakins, koma njira inali italambulidwa: Ari Wegner anatsatira mu 2022, Mandy Walker mu 2023.

Taonani, amayi, zaka zonsezo sikuti akazi analibe maso, koma ambiri sanali kupatsidwa kamera. Tsono mwana wanu wamkazi akamajambula agogo ake ndi foni, kuŵasuntha kuti dzuŵa liŵagwere bwino pankhope, musathamangire kumuuza kuti ntchito zamakina n'za anyamata. Mbale atsuke ndithu, koma akatsiriza, muitaneni akuonetseni zimene wajambula.