MPAMBA WA ALENDO M'MINDA YA FODYA YA KU DOWA NDI NTCHISI

(Gawo loyamba)

Munthu woyenda pa msewu wochokera ku Lumbadzi kudzera pa Mponela mpaka ku Madisi m'mwezi wa Epulo amakumana ndi magalimoto odzaza mabelo a fodya, ena olunjika ku Kanengo, ena ku Chinkhoma. Akapatuka kuloza kumapiri a ku Ntchisi amaona zigafa m'mbali mwa midzi, ndiponso anthu ali pamphasa kusankha masamba. Ambiri mwa anthuŵa sadagwirepo dola ndi manja awo, komatu fodya amene akusankhayo amagulidwa pa mtengo wa madola, ndipo feteleza amene adamkulitsa adabwera ndi ndalama zochokera kutsidya kwa nyanja. Motero wofuna kumvetsa m'mene chuma chimayendera pakati pa maiko angathe kuyambira pa khonde la mlimi wa kwa Chakhaza kapena wa kwa Kalumo.

Ndalama zakunja zimaloŵa m'dziko m'njira zingapo. Pali ngongole, imene imabwezedwa pamodzi ndi chiŵongola dzanja, kaya ntchito yapindula kaya yalephera. Pali thandizo la maiko ena ndi ndalama zimene abale okhala ku Joni amatumiza kumudzi, ndipo izi sizibwereranso. Tsono palinso mpamba wa makampani, pamene kampani ya dziko lina imamanga fakitale, kugula makina ndi kulemba anthu ntchito, ikuyembekezera phindu limene lidzapite kwa eni ake. Pamenepa palibe chodabwitsa, pakuti palibe wamalonda amene angawoloke nyanja kudzangotaya chuma chake. Akuluakulu adati mlendo ndi mame. Chofunika kufunsa nchakuti mameŵa akakamuka, m'munda mumatsala chiyani.

Mbiri ya fodya wa m'mapiriŵa idayambira ku Britain. M'chaka cha 1919 boma la kumeneko lidachepetsa msonkho pa fodya wochokera m'maiko amene linkalamulira, ndipo mu 1925 lidauchepetsanso. Kampani ya Imperial Tobacco inali itamanga kale fakitale ku Limbe mu 1908, ndipo misika ya ku Britain inkafuna masamba ochuluka. Azungu aŵiri, A. F. Barron ndi R. W. Wallace, adatsegula minda m'boma la Lilongwe, nayamba kugaŵira anthu a m'midzi mbande za fodya wa chikopa pa pangano lakuti akakolola agulitse kwa iwo. M'zaka zoŵerengeka alimi otere adachuluka kuchokera pa mazana angapo kufika pa zikwi zambiri, ndipo Lilongwe ndi Dowa adasanduka kwawo kwa fodya woumitsa ndi utsi.

Boma la atsamunda litaona ndalama zikuyenda, mu 1926 lidakhazikitsa bungwe la Native Tobacco Board. Bungweli linkalembetsa alimi, kuika malire a kukula kwa munda, kusankha malo a misika ndi kutolera msonkho pa fodya wogulidwa. Kuyambira 1938, pamene okushoni idatsegulidwa ku Limbe, bungwe lomweli ndilo linkagula fodya wa alimi a m'midzi ndi kukamgulitsa pa mtengo wokwererapo. Mlimi wa ku Dowa adapeza ndalama ya msonkho wa nyumba ndi ya nsalu popanda kupita ku migodi ya ku Halale, koma mtengo wa thukuta lake unkakhazikitsidwa ndi anthu amene iye sadaŵaonepo.

Ufulu wa 1964 utafika, eni mpamba adasintha koma kachitidwe kadatsala. Bungwe la ADMARC, limene lidayamba mu 1971, linkagula chikopa kwa alimi ang'onoang'ono pa mtengo wotsika kwambiri poyerekeza ndi wa ku okushoni. Phindu lake lalikulu lidaloŵa m'maesiteti ndi m'makampani, makamaka Press Holdings. Lamulo la mbewu zapadera lidapatula fodya wa bale ndi wa m'mipaipi kuti alimidwe m'maesiteti mokha, choncho munthu wa ku Ntchisi wofuna kulima bale ankayenera kukakhala tenanti pa munda wa mwini wake ku Kasungu kapena ku Mchinji. Apa pali phunziro limene odzudzula alendo okha amaliiŵala. Mpamba wa mbadwa nawonso ungathe kukama mudzi ngati mlimi alibe mawu pa mtengo. Maesiteti ambiri adamangidwa ndi ngongole za m'mabanki, ndipo kumapeto kwa zaka za m'ma 1970, mitengo itagwa ndi chiŵongola dzanja chitakwera pa dziko lonse, ambiri adatitimira. Mu 1981 dziko la Malaŵi lidalandira ngongole yoyamba yokonzera chuma kuchokera ku Banki Yaikulu ya Dziko Lonse, ndipo ngongoleyo idabwera ndi malamulo ake.

Ena mwa malamulo a obwereketsa ndiwo adatsegula khomo. Kuyambira 1990 alimi ang'onoang'ono adaloledwa kulima bale kudzera m'makalabu, ndipo zigafa zidamera m'midzi yonse ya ku Mponela, Madisi ndi Malomo. Koma alimi atachuluka chotere, ogula adakhalabe oŵerengeka. Kampani ya Limbe Leaf, gawo lake lalikulu ndi la Universal Corporation ya ku Richmond m'dziko la America, ndipo gawo lotsala ndi la Press Corporation. Alliance One idabadwa mu 2005 pamene makampani aŵiri a ku America, Dimon ndi Standard Commercial, adaphatikizana. Japan Tobacco International idayamba kudzigulira yokha masamba m'dziko muno mu 2009. Alimi zikwizikwi akamagulitsa kwa ogula osakwana khumi, nkosavuta kudziŵa amene mawu ake amalemera. Pulezidenti Bingu wa Mutharika adayesa kuika mitengo yoyambira, ndipo mu 2009 adathamangitsa m'dziko akuluakulu anayi a makampani a fodya, koma mkwiyo wa boma sudasinthe kaŵerengedwe ka ogula a ku Ulaya ndi ku America.

Chaka cha 2011 chidaonetsa poyera kuopsa kwa kudalira gwero limodzi. Alimi adabweretsa ku misika makilogalamu oposa 230 miliyoni, ogula nakana mabelo ambiri, ndipo dziko lidapeza madola pafupifupi 293 miliyoni, pamene chaka chapitacho lidapeza 416 miliyoni. M'chaka chomwecho maiko othandiza adaimitsa thandizo lawo la ku bajeti. Madola adasoŵa, magalimoto adagona pa mizere ya mafuta, ndipo mu Meyi 2012 kwacha idagwa kuchoka pa K168 kufika pa K250 pa dola imodzi. Mphunzitsi wa ku Mvera amene sadabzalepo phata limodzi la fodya adalipira nawo mtengo wa kugwa kwa bale pogula sopo ndi palafini.

Kuchokera mu 2012 boma lidavomereza kuti magawo 80 pa 100 alionse a fodya azigulitsidwa pa mgwirizano pakati pa mlimi ndi kampani. Umu ndi m'mene mpamba wakunja umafikira pakhomo pa mlimi lero. Kampani imabwereketsa mbewu, feteleza ndi mankhwala, ndi kutumiza mlangizi woyendera nazale ndi munda. Fodya akagulidwa, ngongole imayamba yadulidwa, kenaka ndalama za msika, za kafukufuku, za bungwe la alimi, za mayendedwe ndi msonkho, ndipo chotsalacho ndicho mlimi amakachipeza ku banki m'makwacha. Ubwino wake ulipo ndithu, pakuti banki wamba sibwereketsa munthu wopanda chikole, ndipo mlimi amadziŵiratu wogula asanafese. Koma matalala akang'amba masamba kapena ng'amba ikagwa m'Januwale, ngongole imakhalabe pa dzina la mlimi. Kwacha ikagwa, monga idachitira ndi magawo 44 pa 100 mu Novembala 2023, makwacha a fodya amachuluka, koma feteleza wa chaka chotsatira amakwera nawo limodzi.

Nanga m'zaka zana limodzi zimenezi chatsala nchiyani? Kunena chilungamo, zatsala zinthu zooneka. Nyumba zamalata, ngolo, zigayo ndi masitolo a pa Mponela zambiri zidachokera m'mabelo, ndipo ophunzira ambiri adalipiriridwa fizi ndi fodya. Mafakitale a ku Kanengo amalemba anthu ambiri ntchito nyengo ya msika, ndipo pafupifupi theka la ndalama zimene dziko limapeza pogulitsa katundu kunja limachokera ku mbewu imeneyi. Koma zapitanso zambiri. Fodya wochuluka amatuluka m'dziko atangochotsedwa mitsitsi ya masamba ndi kupakiridwa, pamene phindu lenileni lili pa kupanga ndudu, ntchito imene imachitikira kwina. Mitengo ya m'mapiri a ku Dowa yambiri idathera m'zigafa ndi m'moto wa chikopa, ndipo nkhalango ya Ntchisi yatsala ngati chilumba pakati pa minda. Ana ambiri a matenanti adakulira m'munda m'malo mwa m'kalasi, mpaka mu Novembala 2019 dziko la America lidayamba kugwira fodya wa ku Malaŵi pa madoko ake chifukwa cha nkhani ya kugwiritsa ntchito ana. Makampani akuluakulu adamasulidwa pambuyo pake ataonetsa njira zawo zolondolera alimi, ndipo mu 2021 Nyumba ya Malamulo idathetsa utenanti.

Kutseka khomo kwa alendo sikungathandize, chifukwa dziko limene anthu ake amasunga ndalama zochepa silingamange mafakitale ndi mpamba wake wokha. Chimene mbiriyi ikuphunzitsa nchakuti mpamba uliwonse, wa mlendo kaya wa mbadwa, uyenera kuyesedwa ndi mafunso atatu. Kodi mtengo amaika ndani? Kodi zinthu zikavuta amaluza ndani? Kodi ntchito yoonjezera mtengo wa mbewu imachitikira kuti? Alimi ogwirizana m'makopaletivi olimba amakambirana mtengo ndi mphamvu kuposa mlimi woima yekha ndi mabelo atatu. Mgwirizano wolembedwa m'Chicheŵa, woŵerengedwa pagulu usanasainidwe, ungachepetse madandaulo a pa tsiku la malipiro. Pamenepa achinyamata otsiriza sukulu ndi aphunzitsi a m'midzi ali ndi ntchito yeniyeni, yothandiza makolo kuŵerengera ngongole, ntchito ya banja ndi mitengo yodulidwa asanatchule kuti apindula.

Nthaŵi nayonso ikuthamanga. Mu 2023 dziko la Malaŵi lidaloŵa m'pangano la bungwe la zaumoyo pa dziko lonse lochepetsa kusuta, ndipo makampani eni ake ayamba kuyang'ana mbewu zina. Kampani ya Pyxus, mwini wa Alliance One, idatsegula fakitale ya mtedza ku Kanengo mu 2022. Mtedza ndi soya zimachita bwino m'nthaka ya ku Dowa ndi Ntchisi, koma zikamatuluka zosayenga monga amatulukira masamba, mbiri yomweyi idzabwerezedwa ndi mbewu ina. Makolo adati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwamphepo. Chuma cha dziko ndi chimene chatsala m'midzi magalimoto atapita.

Gawo lachiŵiri lidzaunika mafunso atatu omweŵa pa nkhani ya miyala ya ku Kasiya m'boma la Lilongwe, kumene kampani ya Sovereign Metals ya ku Australia idapeza mchenga wa rutile, ndipo kampani ya Rio Tinto idagulako gawo mu 2023.