Katuni Nayonso Ndi Mboni

Pali anthu amene akangomva kuti filimu ndi ya katuni amapotoza pakamwa n'kunena kuti, "Izo n'za ana." Ena amafika ponena kuti nkhani yochitikadi singafotokozedwe ndi zojambula pamanja, ati chifukwa kamera yokha ndiyo sinama. Maganizo amenewa ndi aulesi, ndipo amandipsetsa mtima.

Kodi kamerayo inali kuti pa 7 Meyi 1915, pamene asilikali a Germany anamiza sitima ya Lusitania kufupi ndi Ireland n'kupha anthu pafupifupi 1,200? Palibe anajambula kumirako. Winsor McCay wa ku America ndi omuthandiza anachita kulemba pamanja zithunzi pafupifupi 25,000, chimodzichimodzi, mpaka mu 1918 anatulutsa filimu ya mphindi 12 yoonetsa utsi ukufuka, sitima ikupendama, anthu akudziponya m'nyanja. Inde, McCay anali ndi mbali, ankafuna kuutsa mkwiyo wa anthu pa Germany. Nanga wonyamula kamera alibe mbali? Iyenso amasankha poima, amasankha choloza, ndipo zina amadula n'kutaya.

Koma imene imandigwira mtima kwambiri ndi Slavar, filimu ya mphindi 15 imene Hanna Heilborn ndi David Aronowitsch a ku Sweden anatulutsa mu 2008. Ana awiri a kumwera kwa Sudan, wina wa zaka 9 wina wa zaka 15, akufotokoza mmene anawagwirira pankhondo n'kuwasandutsa akapolo. Mawu amene mukumvawo ndi awo enieni. Mukumva mwana akuzengereza, womasulira akudikira, chipinda chonse chili zii. Koma zithunzi zonse, ngakhale nkhope zawo, ndi za katuni, choncho mwanayo akulankhula popanda dziko lonse kumuloza chala. Akayamba kukumbukira tsiku logwidwalo, zojambula zimachoka m'chipindamo n'kutitengera komweko, kumene kunalibe mtolankhani ngakhale mmodzi. Luso lake lagona pamenepa: wojambula ayenera kudzigwira, asakometsere, asawonjezere misozi imene mwanayo sanakhetse. Dzanja likangotsogola mawu a mboni, filimu yawonongeka.

Mu 2009 Slavar inapata mphoto yaikulu ya mafilimu afupiafupi pa chikondwerero cha Annecy ku France. Komabe alipo amene amaumirira kuti filimu yotere si umboni weniweni. Atiuze poyera: akufuna mwana wa zaka 9, amene anazunzika kale, aonetsenso nkhope yake kwa aliyense kuti iwowo akhulupirire?