Galimoto Ikagwidwa ndi Mchenga, Musafulumire Kuisiya

Inu amene mumagwira ntchito m'mafamu ndi m'mapuloti a kumpoto kwa Tshwane mukudziwa mmene nkhaniyi imayambira. Bwana amakutumani ndi bakkie kukatapa mchenga ku mtsinje wa Apies kapena wa Pienaars. Ena munadzimana zaka zambiri mpaka kugula kagalimoto kanu, ndipo Loweruka mumanyamulira anthu omanga nyumba. Tsiku lina apolisi akuimitsani, akufunsa chilolezo, ndipo galimoto yatsala m'manja mwawo.

Kumudzi mchenga wa kumtsinje timauona ngati wa aliyense. Kuno lamulo la migodi la 2002, lotchedwa MPRDA, limauwerengera pamodzi ndi miyala ya mtengo wapatali: kuukumba kuti muugulitse kumafuna chilolezo cha boma. Lamulo la madzi la 1998 nalonso limaletsa kusokoneza pansi pa mtsinje ndi magombe ake popanda chilolezo. Sitikunena kuti malamulowa ndi opanda nzeru, pakuti mtsinje wokumbidwa mosasamala umagumula minda ndi milatho. Chotidandaulitsa n'chakuti amene amagwidwa kawirikawiri ndi woyendetsa, pamene wotuma ndi wogula ali phee kunyumba.

Dziwani kuti kugwidwa kwa galimoto si kulandidwa kotheratu. Gawo 20 la Criminal Procedure Act ya 1977 limalola apolisi kugwira chinthu chimene akuchiganizira, pa zifukwa zomveka, kuti chagwiritsidwa ntchito pa mlandu. Koma gawo 31 la lamulo lomwelo likuti ngati mlandu sunatsegulidwe, kapena chinthucho sichikufunika kukhoti, chibwezedwe kwa amene anali nacho, malinga ngati lamulo likumulola kukhala nacho. Choncho tsiku lomwelo funsani nambala ya CAS, nambala ya kaundula wa SAPS 13 mmene amalembamo katundu wogwidwa, ndi dzina la wapolisi wofufuza. Popanda zimenezi ngakhale loya sadziwa poyambira.

Ngati apolisi anaigwira mosatsata lamulo, khoti likhoza kulamula kuti aibweze. Mu 2014, pa mlandu wa Ngqukumba, Khoti la Malamulo Oyendetsera Dziko linagamula kuti njira yotchedwa mandament van spolie, yobwezera munthu chimene walandidwa mosatsata lamulo, imagwiranso ntchito pamene olandawo ndi apolisi.

Choopsa kwambiri ndi kalata yochokera ku Asset Forfeiture Unit. Nthambi imeneyi, mwa lamulo la POCA la 1998, imapempha Khoti Lalikulu kuti galimoto isungidwe, kenako ikhale ya boma, ngakhale palibe amene wapezeka wolakwa. Mukalandira kalatayo muli ndi masiku 14 okha odziwitsa kuti mukutsutsa. Munthu woopa za mapepala ake okhalira m'dziko akhoza kuibisa pansi pa matiresi, masiku n'kutha, galimoto n'kupita. Chonsecho lamulolo limapereka mpata kwa mwini galimoto wosonyeza kuti anaipeza mwachilungamo ndipo sankadziwa za mlanduwo. Pa mlandu wa Mohunram mu 2007, khoti linatsindikanso kuti kulanda katundu kuyenera kulingana ndi kukula kwa cholakwa. Sungani mapepala a galimoto, malisiti a kumene munagula mchenga, ndi mauthenga a WhatsApp amene anakutumirani.

Gawo 34 la malamulo oyendetsera dziko lino limapatsa aliyense, osati nzika zokha, ufulu wokadandaula kukhoti. Mukamangidwa muli ndi ufulu wokhala chete, ndipo kukhoti muli ndi ufulu wa womasulira. Musasaine chikalata chimene simunachimvetse, ndipo wina akakunong'onezani za "kangachepe", kumbukirani kuti chiphuphu ndi mlandu winanso pamutu panu.

Nanga galimoto ikakhala ya bwana? Ena amayamba kudula malipiro a wantchito, ati abweze zotayika. Lamulo la ntchito silimulola kutero mongodzigamulira yekha, osakumvani komanso popanda kuvomera kwanu kolembedwa. Kadandauleni ku ofesi ya Labour kapena ku CCMA. Khoti la ntchito linagamula kale mu 2008 kuti wogwira ntchito wopanda chilolezo amatetezedwabe ndi lamulo la ntchito.

Legal Aid South Africa imathandiza osowa ndalama ya loya, ndipo Lawyers for Human Rights ili ndi ofesi muno mu Pretoria. Pitani sabata yomweyo, mapepala onse ali m'manja.