Mlandu ukacedwa, ciweruzo cimapeza nkhani itatha

Pali milandu imene imafa isanaweruzidwe. Munthu amapereka dandaulo ku khoti, koma pofika tsiku lomva nkhaniyo, cimene anali kupempha cimakhala citapita kale. Makhoti a mu Zambia sakonda kuweruza nkhani yotere, cifukwa ciweruzo cake sicingasinthe kanthu.

Tiyerekeze kuti mlimi wa kwa Mfumu Sandwe wapempha khoti kuti liletse mnzake kudula mitengo m'munda umene akukangana. Ngati mlandu ufika pomvedwa mitengoyo itasanduka kale makala, palibenso coletsa. Cimene catsala ndi kupempha malipiro a zimene zaonongeka. N'cifukwa cake maloya amayamba apempha ciletso ca kanthawi, kuti zinthu zikhale monga ziliri kufikira khoti litagamula.

Pa milandu ya masankho vutoli ndi lalikulu, popeza mpando wa phungu uli ndi zaka zisanu cabe. Anthu a ku Petauke Central anaziona. Mayi Dora Siliya a MMD anapambana pa 20 September 2011, ndipo a Leonard Banda a PF anakadandaula ku khoti. Khoti la Supreme linafafaniza cisankhoco mu June 2013. Kenaka panabuka mlandu wina wofuna kudziwa ngati Mayi Siliya angaimenso, ndipo cisankho capadera cinacitika pa 30 June 2015. Mayi Siliya anapambananso, ataimira PF. Dera lonse linakhala zaka ziwiri lopanda wolilankhulira, ndipo Nyumba ya Malamulo inatsekedwa mu May 2016, caka cisanakwane. Mlanduwo ukadacedwa pang'ono, mpando umene anali kulimbirana ukadatha wokha.

Pofuna kucepetsa zotere, Malamulo a Dziko a 2016 anaika malire: masiku 90 pa dandaulo la cisankho ca phungu, ndi masiku 14 pa la mtsogoleri wa dziko. Koma malirewo anabweretsa funso lina. Pa 5 September 2016, Khoti la Malamulo a Dziko linataya dandaulo la a Hakainde Hichilema lotsutsa kupambana kwa a Edgar Lungu. Oweruza atatu mwa asanu anati masiku 14 atha, ndipo umboni sunamvedwe. Apa mkangano unali ukadalipo, koma nthawi ndiyo inatseka khomo.

Milandu iwiriyi ikuonetsa kuti kucedwa ndi kufulumira zonse zingamane anthu ciweruzo. Makhoti afunika kukhala ndi oweruza okwanira, ndipo maloya asamathere masiku owerengeka pa mikangano ing'onoing'ono. Kwa inu a ku Sandwe ndi ku Nyimba amene muli ndi nkhani ya munda, ya ng'ombe kapena ya cuma ca masiye, pitani ku khoti msanga, ndipo funsani za ciletso cinthuco cisanagulitsidwe kapena kuonongedwa.