Wasiya mowa, nanga madzulo azikhala kuti?

M'matchalitchi athu, ndi maumboni ochepa amene amalandira nthungululu zochuluka ngati wa munthu wosiya mowa. Bambo amaimirira kutsogolo n'kulengeza kuti kachasu wamusiya, amayi n'kululutira, mkazi wake akupukuta misozi ndi chitenje. Mapemphero akatha timamugwira chanza, aliyense n'kulowera kwawo. Lolemba, nthawi ikamakwana 5 koloko madzulo, bambo uja amapezeka ali yekhayekha pakhonde, anzake onse ali ku shabini. Nkhondo yake imayambira pamenepo, ndipo ife olulutira aja sitioneka.

Tiyeni tinene chilungamo pa zimene malo omwera mowa amapereka. Kumeneko n'kumene kuli bawo ndi wailesi yakanema yoonerapo mpira. N'kumene munthu amamva kuti uje akufuna omuumbira njerwa, kuti feteleza wafika kudepoti, kuti mfumu yagamula bwanji mlandu wa munda. Amene kunyumba amangomutcha chidakwa, kumeneko amamuitana ndi mfunda wake, ndipo akalankhula anthu amamvetsera. Choncho tikamuuza kuti asiye mowa, tikumuuzanso kuti asiye anzake, malo ochezera ndi njira yopezera ganyu, zonse tsiku limodzi. Nanga m'malo mwake tamupatsa chiyani?

Tisanafike kumeneko, pali za thupi, zimene mabanja ambiri sazidziwa. Munthu amene wakhala akumwa kwambiri tsiku ndi tsiku kwa zaka, ubongo wake umazolowera kugwira ntchito mowa uli m'magazi. Akausiya mwadzidzidzi, pakangopita maola angapo manja amayamba kunjenjemera, thukuta limatuluka, mtima umathamanga, tulo sitibwera. N'chifukwa chake ena amalawirira kukagogoda kwa amayi otcheza kachasu, ati kukachotsa matsire. Sakufunanso chisangalalo, akungofuna kuti manja akhazikike agwire khasu. Kwa ena zimafika poipa: amakomoka ngati wakhunyu, ndipo tsiku lachiwiri kapena lachitatu amasokonezeka mutu, kumaona njoka ndi tizilombo pakhoma. Achibale akaona zimenezi amati walodzedwa kapena wagwidwa ndi ziwanda, n'kumutsekera m'chipinda kapena kuthamangira naye kwa sing'anga. Komatu vutoli limapha. Kuchipatala amatha kulithetsa ndi mankhwala monga diazepam, pamodzi ndi vitamini B1 woteteza ubongo. Amene wamwa kwa nthawi yaitali asamasiye yekha mobisa m'nyumba. Ayambe waonana ndi achipatala.

Monga dziko, tayesapo kulimbana ndi botolo. Boma linaletsa mowa wa m'masacheti mu 2015, titatopa kuona ana asukulu akupapira timapepala totsika mtengo kuposa sopo. Mu 2017 linakhazikitsa ndondomeko ya dziko lonse yoyang'anira za mowa. Zonsezo n'zabwino, koma ludzu la munthu amene wakodwa kale silimva lamulo. Masacheti atachoka kunabwera timabotolo, ndipo mu 2024 anthu angapo anamwalira mu Blantyre atamwa mowa umene omwa okha anautcha "Ambuye Ntengeni". Dzinalo likutiuza kuti omwawo amadziwa bwino chimene akumwa. Kuwaopseza ndi imfa n'kutaya nthawi. Bungwe la World Health Organization linawerengera kuti mu 2019 mowa unachititsa imfa pafupifupi 2.6 miliyoni padziko lonse, koma sindinamvepo munthu amene anasiya kumwa chifukwa cha chiwerengero.

Thandizo la akatswiri lilipo, ngakhale n'lochepa. Kuli chipatala cha boma cha matenda a maganizo ku Zomba, kulinso a St John of God ku Mzuzu ndi ku Lilongwe amene amathandiza ofuna kumasuka ku mowa ndi mankhwala ozunguza bongo. Kwa munthu wa ku Nsanje kapena ku Chitipa umenewo ndi mtunda wautali, ndipo ambiri amaopa kuti akangopondako anthu aziwanena kuti ndi amisala. Ngakhale kwa amene wapitako, chipatala chimamusunga masabata ochepa chabe. Akatuluka amabwerera m'mudzi womwewo, n'kumadutsa njira yomwe ija ya pakhomo pa amayi aja otcheza kachasu.

Apa m'pamene ndimaona nzeru m'mbiri ya gulu la Alcoholics Anonymous. Linayamba mu 1935 mumzinda wa Akron, ku Ohio m'dziko la America. Bill Wilson, amene anali atangotha miyezi yochepa osamwa, anapita kumeneko pa za malonda ndipo zinthu sizinamuyendere. Atamva kuti ludzu likumubwerera, sanafunefune womulalikira. Anafunafuna chidakwa mnzake woti acheze naye, ndipo anapeza dokotala wina, Bob Smith. Anthu awiriwa anazindikira kuti wokodwa ndi mowa amamvera msanga mnzake amene anadutsa momwemo, ndiponso kuti wothandiza mnzakeyo amakhala akudzilimbitsa yekha. Mpaka lero a m'gululi salumbira kuti sadzamwanso moyo wawo wonse. Amangolimbana ndi tsiku limene lawachera, mawa n'kudzayambanso.

Ife timafuna lumbiro la muyaya, ndipo munthu akaterereka pa ukwati wa mphwake timagwedeza mutu n'kumati madzi saiwala khwawa. Mwambiwu timaunena ngati chigamulo, ndipo woterereka uja akaumva amaona kuti palibenso chifukwa choyesera. Chonsecho ambiri amene lero atha zaka osalawa dontho anagwapo panjira, ena kangapo. Wodwala shuga akadya zosayenera n'kudwalika, sitimuthamangitsa kuchipatala. Timamubwezera pa mankhwala. Miyezi isanu imene munthu anakhala osamwa siifafanizika ndi usiku umodzi. Funso lomufunsa m'mawa mwake ndi lakuti chinachitika n'chiyani, anali ndi ndani, ndipo Loweruka likudzali adzakhala kuti.

Sindikunena kuti banja lizingopirira chilichonse. Mayi amene mbuzi zake zagulitsidwa, wabwezera ngongole za ku shabini, mwinanso kumenyedwa, ali ndi ufulu wodziteteza pamodzi ndi ana ake, ndipo kuledzera sikuchotsa mlandu wa nkhanza. Chikhulupiriro chimabwerera pang'onopang'ono, ndipo wosiya mowa ayenera kuvomereza kuti kwa kanthawi ndalama za fodya kapena malipiro a pamwezi azisunga ndi wina. Koma katundu ameneyu tisamusiyire mkazi yekha. Ankhoswe, amalume, akulu ampingo ndi aku mzikiti, nonse muli ndi gawo.

Gawolo si lovuta kulimvetsa. Pezani awiri kapena atatu m'dera lanu amene anasiya mowa, muwapatse chipinda choti azikumaniramo mlungu uliwonse popanda wowaweruza. Ikani bawo pakhonde pa wina, pomwe chakumwa chake ndi thobwa kapena tiyi. Mukamva za ganyu, muuzeni iye poyamba. Pa zikondwerero, munthu akakana chipanda musamukakamize ndi mawu aja akuti "kamodzi kokha, achimwene, sikapha". Ndipo ngati munalulutira nawo Lamulungu, Lolemba madzulo pitani mukamuone.